Mu Blantyre tiziyenda nawo wapansi alendo, n'kukadya pa chiwaya

Akonzi,

Ndipatseniko mpata m'nyuzipepala yathuyi ndinenepo za mzinda wathu uno wa Kabula. Ndine mphunzitsi wopuma, ndinkaphunzitsa mbiri yakale ku sekondale, ndipo ndimakhala ku Chilomoni. Pempho langa n'lakuti tikhale ndi anyamata ndi atsikana osulidwa bwino oti aziyenda ndi anthu wapansi m'tauni muno, kuwaonetsa nyumba zakale ndi malo opemphererapo a zipembedzo zonse, kenako n'kukawadyetsa kumene timadya eni akefe. Ku Zanzibar achinyamata amadyera ntchito imeneyi. Amazungulira ndi alendo m'tinjira ta Stone Town, dzuwa likapendeka n'kukathera ku Forodhani kumene amawotcha nsomba ndi nyama m'mbali mwa nyanja. Ife mlendo akangofika timathamangira naye ku Mulanje, ku Majete kapena ku Mangochi, ngati kuti Blantyre ndi pokwerera basi chabe.

Alendo amene ndikuwaganizira kwenikweni si azungu ayi. Iwo abwere, ndalama zawo tikuzifuna, koma oyamba kuyendetsedwa akhale ana athu a sukulu ndi ife tomwe okhala m'Ndirande, m'Bangwe, m'Zingwangwa ndi m'Machinjiri. Mwana amaloweza kuti amishoni a ku Scotland adakhazikika kuno mu 1876, kuti Henry Henderson ndiye adasankha malowo m'dera la mfumu Kapeni, ndiponso kuti dzina adalitenga kumudzi kumene adabadwira David Livingstone. Amalemba mayeso n'kukhoza. Koma mufunseni ngati adagwirapo khoma la tchalitchi cha St Michael and All Angels, chomwe minibasi imamudutsitsa pafupi pake m'mawa uliwonse, angokuyang'anani.

Tchalitchi chimenecho n'chofunika kuima nacho pafupi, osati kuchionera pawindo la galimoto. Mukayang'anitsitsa nsanja ziwiri zakumasozo muona kuti sizofanana. Njerwa zake nazonso si za chikombole chimodzi: zina n'zokhota, zina zosongoka, zina zozokotedwa, chilichonse chidaumbidwira malo ake. M'busa David Clement Scott, yemwe adatsogolera ntchitoyo kuyambira 1888 mpaka 1891, sadaphunzirepo za zomangamanga, ndipo anthu amene ankamanga nawo adali asadamangepo nyumba yotere. Mabuku amatamanda Scott, ndipo nkoyenera. Koma dothi adaponda ndani? Nkhuni zowotchera uvuni adasenza ndani, nanga adakwera pamwamba kukazungulitsa denga lija ndani? Adali Ayao ndi Amang'anja a konkuno, ena mwa iwo opulumuka ku ukapolo. Wotsogolera alendo amene ndikumufuna ine aziyambira pamenepo, kenako azitchulanso Harry Kambwiri Matecheta ndi Stephen Kundecha, Amalawi oyamba kudzozedwa ubusa pa mishoniyi mu 1911.

Kuchoka apo n'kutsika pang'ono mwafika pa Wenela. Lero timangopadziwa ndi mabasi ndi oitanira, koma m'dera limeneli ndimo ankalembera anthu a ku migodi ya ku Joni. Palibe mudzi umene udalibe munthu wopita kumeneko. Ankabwerako ndi njinga, wailesi ndi jasi lalikulu, ena n'kubwerakonso ndi chifuwa chosamva mankhwala. Mu 1974 ndege yobweza ogwira ntchitowa idagwa ku Francistown, m'dziko la Botswana, n'kupha Amalawi 74, ndipo Kamuzu adaimitsa kulemba anthu. Imikani gulu la ana pamenepo muwafunse amene agogo ake adapita ku Joni akweze mkono. Nkhani ziyamba kutuluka mwa iwo okha, wotsogolerayo n'kumangomvetsera.

Kumene ndikufuna kukhalitsa ndi kwa anzathu Amwenye, chifukwa apa ndi pamene umbuli wathu wakula. Takhala nawo mumzinda muno zaka zoposa 100, koma timakumana pakauntala pokha, wina akupereka ndalama wina akubweza chenji. Ambiri sitisiyanitsa n'komwe kuti uyu ndi Mhindu, uyu Msilamu, uyu Msikhi. Pa msewu wa Glyn Jones pali kachisi wa Ahindu wotchedwa Shree Satyanarayan. Anthu amadutsa pamenepo tsiku ndi tsiku, ndipo zimene amanong'onezana za m'katimo sindingazilembe m'nyuzipepala. Ine ndidapempha n'kuloledwa kulowa. Nsapato mumavula pakhomo. M'kati mumamveka fungo la lubani, pali kabelu kamene wopemphera amaliza akamalowa, maluwa oyalidwa patsogolo pa zifanizo zovekedwa nsalu zowala, ndi tinyale ta mafuta tikuyaka. Mayi wina wachikulire adakhala pansi chopinda miyendo, milomo ikugwedera chamumtima, monga achitira amayi a Mvano akafika msanga m'tchalitchi. Chipembedzo changa ndidatuluka nacho chili chomwecho, koma mabodza aja sindiwamveranso.

Mbiri yawo ili ndi mitu yake. Asilikali a Chisikhi adabwera mu 1891 kudzathandiza Harry Johnston, mtsogoleri woyamba wa boma la atsamunda kuno, pa nkhondo zokhazikitsa ulamuliro wa Angerezi, ndipo mpaka pano ku Limbe kuli kachisi wa Asikhi, kumene wolowa amafunda kumutu. Amalonda ambiri adachokera ku Gujarat m'dziko la India, ena Asilamu ena Ahindu, n'kumwaza masitolo mpaka kumidzi. Njanji itafika mu 1908 Limbe adakula ndi fodya ndi malonda awo, mpaka kudzaphatikizidwa ndi Blantyre mu 1956. M'zaka za m'ma 1970 boma la Kamuzu lidawalamula kuchoka kumidzi n'kukachita malonda m'mizinda ikuluikulu yokha. N'chifukwa chake mukayenda m'ma trading centre ambiri mupeza masitolo akale a khonde lalitali ali mabwinja, pamene m'Limbe masitolo athithikana khomo ndi khomo.

Sindikunena kuti wotsogolera alendo azipaka nkhaniyi mafuta. Madandaulo a malipiro ochepa ndi kalankhulidwe konyoza m'masitolo ena ndi enieni, aliyense ali ndi m'bale amene adawalawa. Mu 2018 anthu adakana chipilala cha Mahatma Gandhi pa Ginnery Corner mpaka khoti lidaimitsa ntchitoyo, ponena za mawu onyoza anthu akuda amene iye adalemba ali ku South Africa. Zimenezonso zinenedwe poyera, gulu litaima pamalo pomwepo. Komano munthu amene adavulapo nsapato pakhomo la mnzake amakangana naye mwina, sakangana naye ngati chilombo chosadziwika.

Ku mizikiti nkhani yake ndi yomweyo, kungoti kumeneko ambiri ndi abale athu enieni. Chisilamu chidafika pakati pa Ayao kudzera m'njira za malonda zochokera kugombe la nyanja ya mchere, ndipo chili ndi mizu yakuya m'dziko muno. Komabe Mkhristu wa ku Soche akhoza kukalamba osaona m'kati mwa mzikiti, osadziwa chifukwa chake pakhomo pamakhala mipopi yosambira. Chofunika n'kuyamba kwapempha akuluakulu a pamalopo, kuti anene okha tsiku ndi nthawi. Lachisanu masana si nthawi yobweretsa gulu. Amayi atengeretu mpango, ndipo foni zikhale m'thumba pamene anthu akupemphera. Akakana, akana, ndi nyumba yawo.

Za nyumba ya Mandala sinditaya nthawi, poti yokhayo ndiyo alendo amaidziwa kale. Idamangidwa mu 1882 ndi kampani ya African Lakes, yomwe ankayendetsa abale awiri, John ndi Frederick Moir, ndipo m'chipinda chapamwamba muli laibulale ya Society of Malawi. Ndingowonjezapo ziwiri zimene siziyenera kudumphidwa: amtengatenga amene ankasenza katundu pamutu kuchokera kwa Katunga ku Shire, kukwera mapiri onse aja kufika pano n'kupitirira mpaka ku Matope, ndi usiku wa mu Januwale 1915 pamene anthu a John Chilembwe adathyola sitolo ya kampaniyi kufuna mfuti ndi zipolopolo.

Tsopano za chakudya, pamene ndikudziwa kuti ena anditsutsa. Ulendo wotere ukathera mu lesitilanti ya magalasi ndiye kuti walephera. Uthere pa chiwaya. Imani pafupi muone mnyamata wa tchipisi mmene amagwirira ntchito: mafuta akuwira pakati pamene pali polowa, mbatata yakupsa waikankhira m'mbali kuti ikhe mafuta, uku akudula nyama ya mbuzi ndi mthumbwana pathabwa, dzanja lina akusonkhezera nkhuni. Wogula amaloza yekha nthuli imene wakonda, iye n'kuibwezera m'mafuta kuti itenthe, kenako mchere, kabichi, tomato ndi tsabola wa kambuzi. Pambali pali mayi wa zitumbuwa ndi mandasi m'ndowa, wina chimanga chowotcha, wina chinangwa chokazinga. Samusa amene ana amagula pa geti ya sukulu adabwera ndi anthu a m'masitolo a ku Limbe aja, tidamulandira mpaka kuiwala kuti ndi mlendo. Wotsogolera wanzeru azidziwanso chiwaya chimene nyama yake adazinga ndi Msilamu ndi chimene chili ndi nkhumba, azidziwa kuti Mhindu sadya ng'ombe ndipo ambiri sadya nyama n'komwe, kuti pasapezeke wochita manyazi pagulu.

Otsutsa anena za kolera, ndipo sakunama. Mliri wa 2022 ndi 2023 udapha anthu oposa 1,700 m'dziko muno, sukulu za mu Blantyre ndi Lilongwe mpaka zidachedwa kutsegulidwa. Koma kolera imayenda ndi madzi oipa ndi manja osasamba. Tchipisi chochoka m'mafuta owira sichoopsa. Choopsa ndi kabichi wotsukidwa m'madzi a mu Mudi, mbale zoviikidwa m'beseni limodzi kuyambira m'mawa, ndi thobwa lothiridwa m'mabotolo otola. Mankhwala ake ndi mpopi, chimbudzi ndi sopo pamalo ogulitsirapo, komanso kuwayeza ogulitsawo kuchipatala n'kuwapatsa chiphaso. Kuthamangitsana nawo n'kuwalanda ziwaya takhala tikuona zaka zambiri, mawa lake amabwerera pomwepo, madzi palibebe. Akuluakulu a mzinda atasankha malo ochepa, wina pafupi ndi msika wa Blantyre wina ku Limbe, n'kuwakonza motere, otsogolera alendo angamapite ndi magulu awo kumeneko mtima uli m'malo, ndipo ndalama ya chakudyayo izilowa m'thumba la wokazingayo mwini, osati la kampani.

Mtengo wa ulendowu ukhale pawiri, wa alendo akunja ndi wa ife, wa ana a sukulu n'kutsikanso. Ukangotchulidwa m'madola basi, mwana wa ku Mbayani watsala.

Pali china chimene chikundithamangitsa kulemba. Kuyenda wapansi m'tauni muno masiku ano n'kovuta: maenje a ngalande ali pululu opanda zivundikiro, magalimoto aimikidwa pamene payenera kudutsa anthu, ndipo wokalamba ngati ine akafuna kutaya madzi amasowa kolowera. Nyumba zakale nazo zikutha. Zina zimapakidwa nyenyezi yofiira yosonyeza kuti zigwetsedwe, n'zoona kuti zina zaola ndipo zikhoza kugwera anthu, koma pamalo pake pamamera chinyumba cha magalasi ndipo palibe amene adajambula chakalecho kapena kufunsa kuti adamanga ndani, ankagulitsamo chiyani. Ndikupempha kuti nyumba iliyonse yakale isanagwetsedwe ijambulidwe, mbiri yake ilembedwe, zikasungidwe ku nyumba ya mbiri yakale ku Chichiri. Aphunzitsi opuma tilipo ambiri m'makomomu, tikungowerenga nyuzipepala ndi kudikira penshoni. Achinyamata ofuna ntchitoyi atasonkhanitsidwa, ine ndikhoza kumawaphunzitsa Loweruka lililonse m'mawa popanda malipiro, bola andipezere ya minibasi.

Mphunzitsi wopuma,
Chilomoni, Blantyre