Kalata yochokera ku Guangzhou

Aise Limbani,

Kalata yako yafika, koma yankho lanzeru usaliyembekeze, ndikulemba ndili chogonera m'mbali. Uwauze alamu kuti ndanyadira kumva kuti achira bwino. Mwanayo mum'patse dzina langa msanga, poti mmene zikuyendera kunomu dzinali likhala lopanda mwini.

M'mimba mwandiuma, aise. Wandichita zimenezi ndi Chen, uja ndinkakuuza kuti amadya tsabola kuposa Yamikani. Ananditenga kwawo, kumapiri a ku Heyuan, komwe kuli kachitsamba kena amati taojinniang, m'mabuku Rhodomyrtus tomentosa. Ndinakaona koyamba mu May kali maluwa okhaokha, phiri lonse pinki. Duwa lake lili ndi timasamba 5, pakati pali tingayaye tambirimbiri ta nsonga zachikasu, ndipo likamakalamba limatuwa, moti pa chitsamba chimodzi umaona ena ofiirira, ena oyererako. Kutalika kumandilekeza m'chifuwa. Tsamba lake ukalitembenuza lili ndi cheya chotuwa, ndi mitsempha itatu yoyenda kuchokera kuphata mpaka kunsonga. Kamakonda dothi lofiira losaukiratu, pansi pa mitengo ya paini, pomwe chimanga sichingayerekeze.

Tsono ulendo uno tinapeza zipatso zitapsa. N'zazing'ono ngati nsonga ya chala, zakuda mofiirira, zokhala ndi kachipewa kumutu ngati gwafa. Si kufanana kokha ayi, n'zapachibale ndithu: banja lake ndi lomwelo la gwafa ndi bulugamu. Nditangoluma chimodzi ndinamva njere zija kukukutika m'mano, mtima n'kuthawira kumtengo wa kuseri kwa nyumba ya a Gondwe. Ndinakhala pansi ndi beseni. Agogo ake a Chen anayankhula kenakake m'Chihakka akundiloza, Chen n'kumangoseka. Anadzamasulira beseni litayera, eti agogo amati zimenezi ukadya zambiri chimbudzi chimatseka. Munthu wotere n'kumutchula mnzako?

Ndamwa madzi otentha, ndadya mapapaya, ndakwera masitepe a hostel mpaka mlonda wayamba kundikayikira. Zii. Ukadzamva kuti bokosi latera pa Kamuzu International Airport, chonde usadzanene kuti ndi zipatso. Udzati maphunziro anamukulira. Ndipo Mphatso asadzapatsidwe mpata woyankhula pamaliropo, adzaulula zonse, kuphatikizapo ngongole ija.

Ndaseka ndekha, kenako ndakumbuka kuti Mphatsoyo waika bambo ake ine kulibe. Sindinamuimbirebe. Ndimatenga foni, n'kuwerengera kuti kwanuko muli kumbuyo ndi maola 6, n'kunena kuti ali kuntchito, ndiimba madzulo. Madzulo anu kuno kumakhala kuli pakati pa usiku. Bambo aja ndi amene anandiperekeza kudepoti tsiku lonyamuka, atandinyamulira chikwama pamutu. Umuuze kuti... ayi, usamuuze kanthu, ndiimba ndekha.

Za mayeso aja ndinakhoza, tizikamba tsiku lina. Chondiwawa n'chakuti ufa watha, ndipo wa chimanga wa m'sitolo zakuno ndi wachikasu, nsima yake siigwirana. Chinyezinso chanyanya, malaya sakuuma, nsapato zanga za ku tchalitchi zamera nkhungu. Mnzanga wa m'chipinda amayatsa fani usiku wonse atailozetsa kwa ine.

Yamikani akuti ndimubweretsere njere za chilichonse chobala zipatso. Za izi zokha aiwale. Anthu anapita nako kachitsambaka ku Florida, ku America, m'zaka za m'ma 1920 kuti kazikongoletsa pakhomo, lero akulimbana nako ngati udzu woipa, ku Hawaii chimodzimodzi. Mbalame zimamwaza njere, ndipo ukakatentha ndi moto kamaphukiranso patsinde. Iye uja walephera kupalira dimba la mizere khumi, angathane nako? Komanso taganiza ana a m'mudzi monse atadzimbidwa tsiku limodzi, amfumu akufunsa kuti anabweretsa ndani. Dzina lomwe ndakupempha kuti upatse mwanali lingaipe mpaka kalekale.

Kwawo kwa Chen zipatsozi amaziviika mu kachasu wa mpunga, ndipo ku chilumba cha Phu Quoc ku Vietnam amapangira vinyo wogulitsa kwa alendo. Agogo aja anandipatsira kabotolo, akuti ndi mankhwala a m'mimba. Mankhwala ake ndi oletsa kutsegula, aise, ndiye ine andipatsiranji? Ndakaika pawindo, tikungoyang'anizana.

Uwapatse moni amayi, uwauze kuti ndikunenepa. Nkhani ya malo aja a ku Chinamwali usalipire kaye mpaka ndione pepala la... dikira, m'mimba mwalira, mwina nthawi ija ya