Mawu oti "chibalo" tiziwalemba mosamala

Akonzi,

Ndikupempha malo kuti ndilankhulepo za mawu amodzi amene ife olankhula Chichewa a kuno ku Harare tinayamba kuwazemba, mpaka ana athu ambiri sakuwadziwanso m'tanthauzo limene makolo awo ankawadziwira, pamene abale athu a ku Malawi amawatchula tsiku ndi tsiku mopanda nkhawa. Mawuwo ndi "chibalo". Masiku ano nkhani yolembedwa ku Blantyre imawerengedwa pa foni ku Mbare, ku Mufakose ndi ku Mabvuku tsiku lomwelo, choncho wolemba aliyense ayenera kudziwa kuti mawu amenewa akawoloka Zambezi amafika atasenza katundu wina wolemera kwambiri.

Kwa munthu wokulira ku Dedza, ku Lilongwe kapena ku Mulanje, chibalo ndi ntchito imene mwana wasukulu amapatsidwa akachedwa, akajomba kapena akalongolola m'kalasi. Amauzidwa kusesa pabwalo, kukolopa, kutchetcha udzu, kukumba dzenje la zinyalala, ndipo akalakwa kwambiri amakazula chitsa. Kholo likamva kuti "ana akugwira chibalo" silidzidzimuka, limangofunsa chimene alakwa. Koma m'Chishona muli mawu oti "chibharo", ndipo "kubata chibharo" ndiko kugwiririra munthu. Mneni woti "kubata" ndi yemweyo wathu woti "kugwira", kotero kuti chiganizo chimene kwathu chimanena za mwana amene akusesa pabwalo la sukulu, kuno chimagwera ndendende pa mlandu woopsa kwambiri umene ungachitikire mwana. Ndinaona ndi maso anga mayi wina amene anabwera kuchokera ku Malawi kudzakhala ndi achibale ku Highfield akuopseza mwana wosamvera kuti am'patsa chibalo, ndipo amayi a nyumba yoyandikana, amene ndi Ashona, anatuluka nkhope zitasintha. Panafunika munthu wamkulu wodziwa zilankhulo zonse ziwiri kuti afotokoze mtima usanakhale pansi. Mlendoyo sanalakwe Chichewa, ndipo anansiwo sanalakwe kumva.

Ena mwa akuluakulu athu amafotokoza kuti chibalo chinachokera ku "bala", chilonda, popeza chimapweteka, ndipo ena amachilumikiza ndi "kubala" ndi "chibale". Kufanana kumeneku n'kwa zilembo chabe. Chichewa chili ndi "b" wa mitundu iwiri ngakhale timamulemba mofanana: wina wofewa, wokokera mkati, amene ali mu "bala" la pamwendo ndi mu "banja", ndipo wina wolimba amene amapezeka kwambiri m'mawu obwereka, monga "bala" yomwera mowa. Ashona anasiyanitsa awiriwa m'kalembedwe kawo ka mu 1967, pamene anayamba kulemba "bh" pa wolimbayo, ndipo n'chifukwa chake amalemba "chibharo". Agogo athu amene anagwira ntchito m'migodi ankatchula chibalo ndi "b" wolimba yemweyo. Kusiyana kwa "l" ndi "r" sikuvuta, pakuti Chishona chodziwika chilibe "l", pamene ife timalemba "r" pambuyo pa "i" ndi "e" pokha, n'chifukwa chake mzinda uno makolo ankautcha Halale.

Gwero lenileni lili kum'mwera, m'zilankhulo za Azulu ndi Andebele, ndipo kumenekonso kuli mizu iwiri yoyandikana. Pali "ukubala", kuwerengera, kumene kunabala "isibalo", chiwerengero, ndi "izibalo", masamu a kusukulu. Palinso "ukubhala", kulemba, kumene kunabala "isibhalo". Ku Natal, ku South Africa, m'zaka za m'ma 1800, mu ulamuliro umene unakonzedwa ndi Theophilus Shepstone, mtsamunda woyang'anira nkhani za anthu akuda, mafumu ankalamulidwa kupereka amuna oti akagwire ntchito ya boma, makamaka yokonza misewu, ndipo munthu akasankhidwa analibe mwayi wokana. Dongosolo limenelo linkatchedwa "isibhalo", ndipo linali limodzi mwa madandaulo a anthu pa nthawi ya nkhondo ya Bambatha, mfumu ya Azulu imene inaukira atsamunda mu 1906, pamodzi ndi msonkho wa mutu. M'mabuku akale mizu iwiriyi imasokonezeka chifukwa azungu ankalemba "isibalo" pa zonse ziwiri, ndipo n'zomveka kuti munthu aganize za kuwerengera, popeza anthu otengedwawo ankawerengedwadi. Ine ndimatsamira ku kulemba, chifukwa "bh" wa Ashona akugwirizana ndi "bh" wa "ukubhala", komanso chifukwa mpaka lero ife timati munthu "walembedwa ntchito". Kulembedwa dzina m'buku la mzungu ndiko kunali chiyambi cha kutaya ufulu.

Njira imene inabweretsa mawuwa m'kamwa mwa makolo athu ambiri ndi ya m'migodi ya dziko lino. Mu 1903 kunakhazikitsidwa bungwe la Rhodesia Native Labour Bureau, limene ntchito yake inali kupezera eni migodi ndi mafamu antchito otsika mtengo, ndipo ambiri linkawatenga kumpoto: ku Northern Rhodesia, ku Nyasaland ndi ku Mozambique. Antchito anatcha bungwelo "chibaro", anatcha mgwirizano wake "chibaro", ndipo munthu wobwera kudzera m'manja mwake ankatchedwa wa chibaro. Kusiyana kwake ndi munthu wobwera yekha kunali kwakukulu. Wobwera yekha, amene makolo ankati wapita pa selefu, ankayenda wapansi kudutsa ku Tete, akufunsa kwa obwerera kuti mgodi uti uli ndi chakudya chabwino, kapitawo wa kuti ndi wankhanza ndiponso kuti anthu akufa kwambiri kuti, kenako ankasankha yekha kokafunsira ntchito. Wa chibaro sankasankha. Ankamangidwa ndi mgwirizano wautali, malipiro ake anali otsika, ndipo ankatumizidwa kumigodi imene anthu odziwa ankaithawa, kumene chibayo ndi matenda obwera chifukwa chosowa zakudya zoyenera zinkapha anthu ochuluka. Mgodi wa malasha wa ku Wankie, kumene lero timati Hwange, unkadalira kwambiri anthu otere. N'chifukwa chake apaulendo ankalambalala misewu ikuluikulu ndi madooko odziwika kuti asakumane ndi olemba anthu a bungwelo. Katswiri wa mbiri yakale Charles van Onselen atalemba buku lake la mu 1976 lonena za antchito a m'migodi ya Southern Rhodesia pakati pa 1900 ndi 1933, analitcha Chibaro, chifukwa ndilo dzina limene antchitowo anapereka ku moyo umenewo. Amuna amene anapulumuka n'kubwerera kumudzi anatenga mawuwa pamodzi ndi bulangete ndi sutikesi, ndipo amene anatchona anawasiyira ana awo m'makomboni a ku Shamva, ku Bindura, ku Kadoma ndi ku Chakari.

Pali njira yachiwiri imene sitiyenera kuiiwala, popeza olankhula Chichewa a mu Harare si ochokera ku Malawi okha, ambiri makolo awo anachokera ku Tete ndi ku Angónia. Ku Mozambique Apwitikizi ankalemba "chibalo" kapena "xibalo", ndipo kumeneko mawuwa ankanena za ntchito yokakamiza ya boma lenilenilo. Lamulo la ntchito la mu 1899 linanena kuti munthu wakuda aliyense ali ndi udindo wogwira ntchito, ndipo amene sanasonyeze kuti walembedwa kwina ankagwidwa ndi asipayi, apolisi akuda a Apwitikizi, n'kutumizidwa kumisewu, kunjanji, kumadooko kapena kuminda ya makampani. Nkhondo ya mu 1917 ya ku Barue, dera la pakati pa Mozambique, inabuka anthu atatopa ndi kugwidwa kukamanga msewu ndi kukanyamula katundu wa asilikali. Dongosololi linathetsedwa pa pepala kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1960. Anthu ochuluka anathawira ku Nyasaland ndi kuno chifukwa cha chibalo chimenechi, ndipo Alomwe amene anawolokera ku Mulanje ndi ku Thyolo anakapezako thangata wa m'maesiteti, amene analinso ntchito yosakanika ngakhale dzina lake linali la chithandizo. M'Chitsonga cha lero, chilankhulo cha kum'mwera kwa Mozambique ndi ku South Africa, "xibalo" ndi msonkho, ndipo zimenezi sizodabwitsa kwa aliyense wodziwa kuti msonkho ndi ntchito yokakamiza zinkayendera limodzi, popeza wolephera kukhoma msonkho ndiye anali woyamba kugwidwa.

Tikayang'ana matanthauzo onsewa, chimene chimawamanga pamodzi ndi kukakamizidwa kwa munthu amene sangathe kukana. Ku Malawi mawuwa anapepuka, anatsika kuchoka kumgodi n'kukafika pabwalo la sukulu, ndipo anatsala ndi mbali ya ntchito yosalipidwa yogwiridwa mosafuna. Kwa Ashona analemera, anasiya mbali ya ntchito n'kutsala ndi mbali ya kugwidwa ndi mphamvu, ngakhale akuluakulu awo akamakamba za nthawi ya atsamunda amanenabe chibharo cha m'misewu ndi m'mafamu. Ndimaona kuti ngakhale m'Chichewa chenicheni chibalo ndi chilango si chinthu chimodzi, ngakhale ambiri amazisinthanitsa. Chilango chimachokera ku "kulanga", mneni yemweyo amene timagwiritsa ntchito anamkungwi akamalanga anamwali ndiponso amene anatipatsa "malangizo" ndi "alangizi", choncho mkati mwake muli cholinga chophunzitsa. Chibalo mulibe chiphunzitso, muli mphamvu ya wolamula basi. Mphunzitsi amene amachotsa mwana m'kalasi tsiku lonse kuti akazule chitsa angachite bwino kudzifunsa kuti mwa ziwirizi akupereka chiti.

Chimene chandikakamiza kulemba kalatayi ndi ntchito yomasulira. Malamulo aakulu a dziko la Zimbabwe a mu 2013, m'gawo 6, anaika Chichewa pakati pa zilankhulo 16 zovomerezeka, ndipo wailesi ya National FM imaulutsa mapulogalamu m'chilankhulo chathu. Zotsatira zake n'zakuti mauthenga a zaumoyo, a chitetezo cha ana ndi a zamalamulo akumasuliridwa m'Chichewa, kawirikawiri ndi achinyamata obadwira kuno amene Chishona ndicho chili pafupi ndi lilime lawo. Womasulira wotere akaona "akabatwa chibharo" amakopeka kulemba kuti "anagwidwa chibalo", poganiza kuti wangosintha kalembedwe. Munthu wachikulire amene anakulira kumudzi, kapena mlendo amene wangotsika basi ku Mbare, adzamva kuti mtsikanayo anapatsidwa chilango, ndipo m'maganizo mwake mudzabwera funso loti kodi analakwanji. Funso limenelo ndi limene munthu wogwiriridwa sayenera kulimva ngakhale kamodzi, chifukwa ndilo limatseka pakamwa atsikana ambiri kuti asakanene kupolisi kapena kuchipatala. Chichewa chili ndi mawu ake omveka, "kugwiririra", ndipo palibe chifukwa chowasiyira. Vuto lomweli lingabuke motembenuka pamene mwana wochokera ku Malawi auza namwino kapena mphunzitsi wa kuno kuti amalume ake amam'patsa chibalo, kutanthauza kuti amamutumitsa madzi akalakwa, ndipo banja losalakwa lingalowe m'mavuto aakulu. Choopsa koposa n'chakuti mwana wobadwira kuno anganene mawu omwewo m'tanthauzo la Chishona kwa agogo ake, iwo n'kumuyankha kuti azimvera akuluakulu.

Pali ena m'mipingo yathu ndi m'mabungwe a maliro amene amati njira yabwino ndiyo kuwasiyiratu mawuwa, tizingonena chilango basi. Ndikumvetsa nkhawa yawo, ndipo pa nkhani za sukulu ndi za pakhomo ndikugwirizana nawo ndithu, chifukwa pamenepo tili ndi mawu ena osavulaza. Koma sindingavomere kuti afafanizidwe pa nkhani ya mbiri yathu. Ana athu kuno amatchedwa Mabhurandaya ndi Manyasarandi, kutanthauza a ku Blantyre ndi a ku Nyasaland, ndipo ambiri a iwo anakula zitupa zawo zitalembedwa kuti ndi alendo m'dziko limene anabadwiramo, makamaka lamulo la unzika litasinthidwa mu 2001, kufikira malamulo a mu 2013 atabwezera unzika kwa obadwira kuno amene makolo awo ndi ochokera m'mayiko a SADC. Mwana wotere akafunsa kuti agogo ake anafika bwanji kuno, yankho loona nthawi zambiri limakhala lakuti anabwera ndi chibalo, kapena anabwera pa selefu pothawa chibalo, kapena anabwera ndi Mthandizi, bungwe lolemba anthu limene linadza pambuyo pake. Tikachotsa mawu amenewa tidzatsala ndi kunena kuti "anabwera kudzafuna ntchito", zimene zimabisa kuti panali msonkho, asipayi ndi mabuku olembamo mayina zimene zinawachotsa kwawo.

Choncho pempho langa kwa inu Akonzi ndi kwa atolankhani anu ndi lakuti pa nkhani za ana asukulu muzilemba "chilango", kapena muzitchula ntchito imene mwanayo anapatsidwa, pokumbukira kuti muli ndi owerenga ku Harare, ku Bulawayo ndi m'matauni a migodi. Pa milandu ya nkhanza kwa amayi ndi ana muzilemba "kugwiririra" nthawi zonse, ngakhale nkhaniyo itachokera ku Zimbabwe ndipo mboni itagwiritsa ntchito mawu a Chishona. Mukamalemba za ntchito yokakamiza ya nthawi ya atsamunda, lembani "chibalo" mosaopa, koma muwonjezere chiganizo chimodzi chofotokoza kuti mukunena za kulembedwa ndi kugwiritsidwa ntchito mokakamiza. Ndikupemphanso amene akukonza mabuku otanthauzira mawu ndi mabuku ophunzitsira Chichewa m'sukulu za kuno kuti pa mawu amenewa aike matanthauzo onse, atchule dziko limene tanthauzo lililonse limagwira ntchito, ndipo aikepo chenjezo loonekera bwino la tanthauzo la Chishona.

Ine wanu wowerenga,
Mufakose, Harare