Lipoti la zokambirana pa ntchito ya James Hong

Wapampando ndi mamembala nonse a gulu lathu la zisudzo,

Munatituma ku zokambirana za ochita mbali zing'onozing'ono m'mafilimu, ndipo nkhani yaikulu kumeneko inali ya James Hong, wochita mafilimu wa ku America.

Bamboyu anabadwira ku Minneapolis mu 1929, makolo ake ali ochokera ku China. Anaphunzira uinjiniya n'kugwirako ntchito ya misewu ku Los Angeles asanalowe m'mafilimu m'zaka za m'ma 1950. Waonekera kapena kumveka m'mafilimu ndi mapulogalamu a pa TV oposa 600, koma pafupifupi monsemo nkhani siinali yake.

Chifukwa chake sichinali kuchepa luso. Nthawi imeneyo mbali zikuluzikulu za Mtchaina ankapatsa azungu, ena atawakoka zikope kuti maso aoneke aang'ono. Mu The New Adventures of Charlie Chan ya 1957, Chan, wapolisi wofufuza milandu wachitchaina, anali mzungu J. Carrol Naish, Hong n'kukhala mwana wake. Zotsala zinali za wantchito wa m'nyumba, wophika kapena chigawenga. N'chifukwa chake mu 1965 iye, Mako (wochita zisudzo wobadwira ku Japan) ndi anzawo anayambitsa gulu la zisudzo la East West Players, kuti akhale ndi bwalo lawolawo. Gululi lilipobe.

Tinakhalitsa pa funso loti munthu wapatsidwa mphindi zochepa amatani kuti asaiwalike. Mu pulogalamu yanthabwala ya pa TV ya Seinfeld, gawo la The Chinese Restaurant la 1991, Hong ndi wolandira alendo pa lesitilanti. Anthu anjala akamufunsa za tebulo, amangowauza kuti adikire mphindi 5 kapena 10, ali phee, kenako n'kulowetsa ena obwera pambuyo. Sathamangathamanga, ndipo nthabwala yonse yagona pamenepo. Apa m'pamene ambiri timalakwitsa: mbali ikachepa timaonjeza manja ndi mawu mpaka kuphimba mwini nkhani. Mu Blade Runner ya 1982 ali ndi chochitika chimodzi chokha, ngati Chew wopanga maso m'chipinda chozizira koopsa, koma anthu amachikumbukirabe. Mbali ya Lo Pan mu Big Trouble in Little China ya 1986 ndiyo inamupatsa mpata wotambasuka.

China ndi mawu. Anayamba kulankhulira mafilimu mu 1956 pa Godzilla, King of the Monsters!, anali Chi-Fu mu Mulan, ndipo kuyambira 2008 ndi Mr. Ping, tsekwe wa mu Kung Fu Panda. Ntchito yotereyi siyang'ana makwinya.

Nyenyezi yake pa Hollywood Walk of Fame, njira yomwe amalembapo mayina a akatswiri powalemekeza, inaikidwa mu Meyi 2022 ali ndi zaka 93, ndipo ndalama zake anachita kusonkherana anthu, wochita mafilimu mnzake Daniel Dae Kim akutsogolera. Kunena zoona, anamuchedwetsa. Chaka chomwecho anaoneka ngati Gong Gong mu Everything Everywhere All at Once.

Tikupempha komiti isankhe tsiku loti tionere limodzi gawo lija la Seinfeld, aliyense atatenga kope lolembamo zomwe Hong amachita pamene sakulankhula.