Nyimbo yako ija yandiyambanitsa ndi amalume

Aise,

Bho? Kuno tilipo, kutentha kokha ndi kumene kwatikwana, usiku tikugona mawindo ali pululu udzudzu nkumachita phwando. Amayi akupereka moni, akuti kuzizira kwa ku Indiana kwayamba kale kapena bwanji.

Nyimbo ija unanditumizira pa WhatsApp ndinaimvera, Cruise ya Florida Georgia Line, ndipo udziwe kuti yandiika m'mavuto. Amalume ukuwadziwa muja achitira Lamulungu akaweruka ku tchalitchi, pakhonde, wailesi yawo ija ya kaseti yomanga ndi labala ili pa mpando, Don Williams ali mkati, tiyi ali pambali. Ndiye ine phuma langa lija ndawapatsa foni kuti amalume tamvani kantiri ya ana a masiku ano. Sanafike nayo ndi pakati pomwe, anandibwezera foni ngati yawaotcha, akuti "mphwanga, imeneyi ndi kantiri kapena ndi ya mu disiko?" Ine kuwauza kuti nyimboyi inagulidwa koopsa ku America, iwo akuti kachasu nayenso amagulidwa koopsa. Ndinangoti kukamwa yasaa.

Zinandiwawa moti usiku ndinatha bandulo ndikufufuza, ndiye tamva. Anyamatawa ndi awiri, Tyler Hubbard wa ku Georgia ndi Brian Kelley wa ku Florida, dzina la gulu linachokera pamenepo basi, palibe zakuya. Anakumana ali pa sukulu ku Belmont University mu Nashville, ndipo Cruise inali singo yawo yoyamba yeniyeni, mu 2012. Yoyamba aise! Anthu amaimba mpaka imvi osalawako nambala wani, awa kungoponya mbedza kamodzi nsomba yake ya chambo chachikulu.

Inakhala pamwamba pa tchati cha Billboard cha nyimbo za kantiri masabata 24. Rekodi yomwe inalipo inali ya masabata 21 ndipo womaliza kufikapo anali Webb Pierce mu 1955, ganiza, amalume omwewa asanayambe ndi sukulu yomwe. Kenako mu 2016 inapatsidwa chija amati diamond, kutanthauza 10 miliyoni ukaphatikiza zogula ndi zomvera pa intaneti, ndipo inali nyimbo ya kantiri yoyamba kufika pamenepo.

Koma apa ndi pomwe ndinayamba kuwamvetsa amalume, ngakhale sindinawauze, angatukumuke. Mu Okutobala 2012 a Billboard anasintha kawerengedwe. Kale ankangoyang'ana kuti mawailesi a kantiri aiseweretsa kangati nyimbo, koma kuyambira pamenepo anayamba kuwerengera ma download, zomvera pa intaneti, ngakhalenso mawailesi a nyimbo zina zomwe si za kantiri. Ndiye mu 2013 anyamata aja anaipanganso remix ndi Nelly, wa rap uja tinkavina tili ku sekondale ataika kapulasitala pa tsaya, nyimbo nkulowa m'mawailesi a pop mpaka kufika nambala 4 pa Hot 100, tchati cha nyimbo za mitundu yonse, ndipo zonsezo zinkathira mu dengu limodzi lomwe lija la kantiri. Ukuona? Zili ngati timu yaloledwa kuwerengera zigoli zomwe yachinya mu ligi ina, ndiye nkumati yaposa akuluakulu akale omwe ankasewera bwalo limodzi. Umboni wake ndi woti rekodi yomwe inakhala zaka zoposa 50 osagwedezeka, itangothyoka sinachedwenso, Sam Hunt anafika masabata 34 mu 2017, kenako a Florida Georgia Line omwewa ataimba ndi Bebe Rexha anakafika masabata 50.

Sindikuti nyimboyo ndi yoipa ayi, usandimve molakwa. Imakoma, kolasi yake imamata m'mutu ngati chingamu, dzulo ndadzipeza ndikuiimba ndikuchapa. Anaikonza ndi Joey Moi, yemwe ankagwira ntchito ndi gulu la rock la Nickelback, nchifukwa chake magitala ake akulemera ngati a rock. Koma ukamvetsera mawu ake mulibe nkhani, ndi mnyamata, galimoto yake ndi mtsikana wokongola, kwatha. Pomwe ife kantiri tinaikondera nkhani, munthu akudandaula za mkazi yemwe wamuthawa, za kwawo, za Mulungu, mofatsa ngati agogo akukulangiza pamoto. Akuti kumeneko mtundu umenewu anaupatsa dzina lonyoza loti bro-country, kodi anthu amalitchulabe? Ndipo anzako akuntchito aja amaimva bwanji, amaiona ngati kantiri kapena nawonso ali mbali ya amalume?

Chinandiseketsa nchoti ndalama zonse zija sizinawagwirizanitse mpaka kale, pofika 2022 gulu linatha aliyense nkuyamba kuimba payekha. Nditawauza amalume anangoti "eya" nkutembenuza kaseti.

Paja unati Disembala mukufuna kupita ku Nashville ndi anzako. Ukakafika ukajambule pa Grand Ole Opry, malo otchuka oimbirako kantiri aja, unditumizire ndidzawaonetse, ndipo ukapeza CD ya Don Williams ugule, kaseti yawo ija yayamba kutafunidwa, sabata yatha tinachita kuikulunga ndi bolopeni. Choimbira CD ndiona kuno, usavutike nacho.

Moni kwa alamu. Uyankhe msanga, osati zako zija zowerenga nkungoti zii.

Ndine mnzako uja wa pa Chilobwe