Ukumukumbukira Cynthia Rothrock?

Mnzanga wokondedwa,

Ndikhulupirira kuzizira kwa ku Leeds sikunakufooketse. Kuno tili bwino, mayi akupereka moni.

Wandilembetsa kalatayi ndi mwana wanga wamkazi. Dzulo anandipeza ndikuonera filimu ya Cynthia Rothrock ya China O'Brien pa foni, n'kundifunsa kuti kodi mzungu wamfupiyu ndani. Ndinachita kumukhazika pansi. Iwe ukuikumbukira vidiyo shoo ija ya kuseri kwa msika ku Ndirande, mawindo otchinga ndi masaka, mabenchi odzaza anyamata okhaokha, ife awiri titapanikizana kumbuyo? Tepi inali itatopa, chithunzi chikunjenjemera, koma Cynthia Rothrock akangoponya mwendo kuchokera kumbuyo, chidendene n'kudutsa pamwamba pa mutu wake kukagunda chigawenga pamphumi, holo yonse inkaimirira. Iwe unkandifinya dzanja mpaka kupweteka.

Ndinamuuza mwanayu kuti luso lija silinali lonamizira. Mayiyu anabadwa mu 1957 ku Delaware, m'dziko la America, ndipo kuyambira 1981 mpaka 1985 anali katswiri wa dziko lonse pa mipikisano yoonetsa karate ndi kagwiridwe ka zida, kupikisana ndi amuna omwe. Amene anayamba kumupatsa mpata ndi a ku Hong Kong. Mu 1985 anasewera ngati wapolisi mu Yes, Madam limodzi ndi Michelle Yeoh, onse awiri asanatchuke.

Apa ndi pamene mtima umandiwawa. Michelle analandira mphoto yaikulu ya mafilimu ya Oscar mu 2023, ndipo anayeneradi. Koma Cynthia atabwerera kwawo, makampani akuluakulu a ku Hollywood sanamupatse filimu yaikulu yoti atsogolere. Anakhalira mafilimu a ndalama zochepa, ambiri ongopita pa tepi osafika m'nyumba za kanema: Martial Law, Tiger Claws momwe munali Bolo Yeung, Lady Dragon yojambulidwa ku Indonesia. Sindikana, nkhani zake zinali zofananafanana, zigawenga ndi kubwezera basi. Koma matepi otchipawo ndi amene ankafika kwathu kuno, ndipo m'menemo ndi momwe ine ndinaonera koyamba mkazi wosadikira kuti mwamuna adzamupulumutse. Mu China O'Brien bambo ake, mkulu wa apolisi wa m'tauni, ataphedwa, iye sanathawe. Anapikisana pa chisankho kuti atenge mpandowo.

Sindikudziwa ngati unamva kuti Richard Norton, bambo wa ku Australia uja ankamenya nkhondo pambali pa Cynthia m'mafilimu, anamwalira mu 2025. Zinandikhudza ngati maliro a pamudzi.

Tsopano mwanayu wakakamira kuti akufuna kuphunzira karate. Bambo ake akuti si za atsikana, ine ndavomera kale. Ukapeza yunifolomu yoyera ya msinkhu wa zaka 12 kumeneko, chonde umugulire, ndidzakubwezera ukadzabwera pa Khirisimasi.

Ndine mnzako wa pa benchi ya kumbuyo.